Raw Power ya Bowie kapena ya Iggy: yeniyeni ndi iti?

Uthenga wa lero wachokera kwa m'bale wathu amene amagwira ntchito ku Sheffield, ku England. Walemba motere: "Mnzanga wa kuntchito anandibwereka mbale ya galamafoni ya Raw Power, chimbale cha Iggy and the Stooges. Ndinachikonda moti ndinakagula CD yake m'shopu ya zinthu zakale. Nditafika kunyumba ndinapeza kuti nyimbo ndi zomwezo, koma zikumveka ngati sipika yang'ambika. Ndinabweza n'kuyitanitsa ina pa intaneti, koma nayonso chimodzimodzi. Kodi andigulitsa zachinyengo kawiri konse, kapena makina anga ndiwo afa? Panopa ndaona bokosi lodula kwambiri lolembedwa Deluxe Edition. Ndilimbe mtima ndigule kuti ndimve zenizeni?"

Achimwene, mtima m'malo. Sipika zanu n'zabwinobwino, ndipo amene anakugulitsani sanakubereni. Tembenuzani CD yanuyo muwerenge timalemba ta kumbuyo. Ndikukhulupirira kuti mupeza chaka cha 1997, ndipo mkati mwa kabuku kake muona kuti Iggy Pop, woyimba wamkulu wa bandiyi, ndiye anachita remix. Ngati zili choncho, kuthetheka mukukumvako kunabwera ndi CD yomweyo kuchokera ku fakitale, mwini nyimbo atavomereza. Mukanayitanitsa khumi, zonse zikanalira chomwecho. Mbale imene anakubwerekani mnzanuyo, ngati ndi yakale, ili ndi mix ina, ya David Bowie, woyimba wotchuka wa ku England. Mwalowa m'mkangano umene okonda punk, mtundu wa nyimbo za rock zaukali ndi zothamanga, akhala akukangana kuyambira 1973, ndipo sunathe.

Tigwirizane kaye pa mawu awiri amene ogulitsa amakonda kuwaphatikiza kuti tisokonezeke. Mu situdiyo, chida chilichonse chimajambulidwa pa mzere wakewake: ng'oma pa mizere ingapo, besi pa wake, gitala pa wake, mawu a woyimba pa wake. Masiku amenewo mizere yonseyi inkakhala pa tepi yotakata mainchesi awiri. Mix ndi ntchito yophatikiza mizereyo kuti itsale iwiri yokha, wa khutu la kumanzere ndi wa kumanja, uku ukusankha kuti ndani amveke patsogolo, ndani abwerere m'mbuyo. Mastering imabwera mix itatha kale. Apo sungakwezenso besi payokha. Umangokonza kuwala kwa mawu onse pamodzi ndi kukwera kwake kuti akwane pa mbale, pa kaseti kapena pa CD. Choncho remix ndi kuphikanso nsima ndi ufa womwewo, pamene remaster ndi kupakulira nsima yophika kale m'mbale ina. Mkangano wa Raw Power uli ndi zonse ziwiri, ndipo anthu ambiri amanyoza wophika pa cholakwa cha wopakula.

Mmene zinayambira ndi motere. The Stooges anali anyamata a ku Ann Arbor, m'boma la Michigan. Anatulutsa zimbale ziwiri pa kampani ya nyimbo ya Elektra, mu 1969 ndi 1970, zonse osagulidwa bwino, bandi n'kubalalika. Bowie, amene nyenyezi yake inali ikukwera, anakokera Iggy kwa manijala wake Tony Defries ndi kampani yake ya MainMan, ndipo mgwirizano unapezeka ndi Columbia, kampani ya nyimbo ya pansi pa CBS. Iggy anapita ku London mu 1972 ndi woyimba gitala James Williamson. Atalephera kupeza oyimba a ku England owakhutiritsa, anayitana abale awiri a bandi yakale, Scott Asheton pa ng'oma ndi Ron Asheton. Ron ndiye anali mwini gitala pa zimbale zoyamba zija, koma tsopano anapatsidwa besi, ndipo zinamuwawa moyo wake wonse. Anajambula nyimbo zisanu ndi zitatu ku CBS Studios mu September ndi October 1972, popanda munthu wamkulu wowayang'anira. Iggy anadzipangira yekha mix, ndipo akuluakulu atayimva anayikana. Ena mwa mavuto ake anali akuti zida zinaunjikana khutu limodzi, mawu khutu linalo.

Apa ndi pamene Bowie analowerera. Anali paulendo woyimba ku America, ndipo anapatsidwa tsiku limodzi lokha mu situdiyo yotsika mtengo ya Western Sound ku Los Angeles. Anakonza nyimbo zisanu ndi ziwiri. Pa "Search and Destroy" Iggy anaumirira kuti mix yake isakhudzidwe. Bowie anadzafotokoza pambuyo pake kuti pa tepi imene anapatsidwa panali mizere itatu yokha yogwira ntchito: bandi yonse pa umodzi, gitala yotsogolera pa wina, mawu pa wachitatu. Ngati zinalidi choncho, ndiye kuti analibe chochita koma kukweza ndi kutsitsa gitala ndi mawu. Koma filimu yofotokoza za chimbalechi imene inatuluka mu 2010 inasonyeza kuti pa tepi yoyambirira chida chilichonse chinali ndi mzere wake. Mwina Bowie anapatsidwa kope lophatikiza kale, mwina anayiwala. Ine monga munthu amene wakhala pa desiki ya mix zaka zambiri ndimakhulupirira za kope lophatikiza, chifukwa mix yake imamvekadi ngati ya munthu amene ali ndi makiyi atatu okha m'manja.

Chimbale chinatuluka mu February 1973 ndipo chinalekezera pa nambala 182 pa mndandanda wa Billboard wa zimbale zogulidwa kwambiri ku America. Pofika February 1974 bandi inali itatha. Koma ana amene anadzayambitsa punk ku London ndi New York anachimva, ndipo mu 1977 CBS inachitulutsanso ku Britain motsika mtengo pa dzina la Embassy. Steve Jones wa bandi ya punk ya Sex Pistols ananena kuti anaphunzira gitala potsatira mbale imeneyi. Kurt Cobain wa bandi ya Nirvana anachilemba pamwamba penipeni pa mndandanda wa zimbale zake zapamtima. Onsewa anamva mix ya Bowie. Ina kunalibe m'mashopu.

Tayikaninso mbale ya mnzanuyo mumvetsere ndi mtima umodzi. Mupeza kuti ng'oma za Scott zili kutali, ngati akuyimba kuseri kwa chitseko. Besi ya Ron muyenera kuyisaka, komatu munthuyu ankayimba besi ngati mkango. Kenako gitala ya Williamson imangolumpha mwadzidzidzi kutsogolo, yakuthwa ngati lumo, kukwera kuposa china chilichonse, n'kusowanso. Mwa malamulo a ntchito yathu, iyi ndi mix yolakwika, ndipo wophunzira atandibweretsera yotere ndingamubweze. Koma kulakwikako ndi kumene kumachititsa mantha m'nyimbozi. Pakati pa zida pali mpata, ndipo mumpatamo simudziwa chimene chikutulukireni. Pa "Gimme Danger" Bowie anadutsitsa gitala m'kachipangizo kotchedwa Time Cube, kamene kamachedwetsa mawu powayendetsa m'chipayipi, ndipo n'chifukwa chake gitala ya nyimboyo imamveka ngati ikuyandama pamadzi. Nyimbo imeneyi ndi "I Need Somebody" zinalowa chifukwa kampani inafuna nyimbo yodekha imodzi mbali iliyonse ya mbale, ndipo ndi pa ziwirizi pamene dzanja la Bowie linathandiza koposa.

Iggy anadandaula ndi mix imeneyi kwa zaka zoposa makumi awiri. CD yoyamba ya 1989 inangowonjezera mkwiyo, poti inatuluka yowonda ndi yotsika. Legacy, nthambi ya Sony yotulutsanso zimbale zakale, itamupatsa mpata, anabwerera ku matepi oyambirira ndi injiniya Danny Kadar, ndipo zotsatira zake ndi CD muli nayoyo. Iggy mwini anayitcha mix yachiwawa, ndipo ananyadira kuti singano zonse za mamita oyezera kukwera kwa mawu zili pofiira.

Pano ndikuti ndichedwepo, chifukwa ndi pamene pagona funso lanu. Mix ya Iggy payokha si yoyipa. Besi yabwera, ng'oma zabwera, magitala amene Bowie anawakwirira akumveka, bandi ikumveka ngati anthu anayi m'chipinda chimodzi. Chimene chinawononga ndi kukweza. Tepi yakale ukayikankhira pofiira imapirira: imafinya mawu pang'onopang'ono n'kuwapatsa kaukali kokoma, ndipo oyimba rock ambiri amakakonda kaukali kameneka. CD sidziwa kupirira. Imayeza mawu maulendo 44,100 pa sekondi iliyonse, ndipo ili ndi denga lolimba limene palibe nambala yoliposa. Funde la mawu likagunda dengalo, nsonga yake imadulidwa n'kukhala yafulati. Nsonga imodzi yodulidwa khutu siliyimva. Koma zikadulidwa zikwizikwi motsatizana, mumamva kuthetheka kouma kofanana ndi kwa chimkuzamawu cha pa ukwati pamene mwini mwambo wameza maikolofoni. Pa CD ya 1997 zimenezi zili kuyambira nyimbo yoyamba mpaka yomaliza, moti anthu amayitchula kawirikawiri pakati pa ma CD okwera kwambiri amene anapangidwapo. Kutsitsa voliyumu sikuchotsa kuthethekako, chifukwa nsongazo zinadulidwa kale musanagule.

Mukafuna kuona ndi maso, koperani "Search and Destroy" mu kompyuta, muyitsegule ndi Audacity, pulogalamu yaulere. Nyimbo yathanzi imaoneka ngati mapiri ndi zigwa. Iyi muyiona ngati njerwa.

Ndinakumana nazo ndekha zaka zapitazo ndi anyamata ena a bandi ya magitala. Tinagwira mausiku awiri pa nyimbo imodzi mpaka ng'oma zinayamba kupuma bwino. M'mawa woyimba wawo anafika ndi CD ya bandi ina, anayiyika, n'kunena kuti yathu ikumveka yamantha. Ndinamuuza kuti angokweza voliyumu. Anakana, ati pa wailesi palibe amene adzamukwezere. Ndinagonja, poti ndalama zinali zake. Ndinakankha mpaka mita inangoyima pamwamba osagwedezekanso, iye akuvina m'situdiyo. Patatha miyezi ingapo anandiyimbira foni kufunsa ngati ndinasunga ija yoyamba, chifukwa iyi imamutopetsa akafika pakati. Khutu limanyengeka msanga. Ukalipatsa nyimbo imodzi kawiri, limasankha yokwera, ngakhale kusiyana kwake kuli kochepa. Kutopa kumabwera pa nyimbo yachitatu kapena yachinayi, ndalama mutapereka kale.

Anzake a Iggy sanakondwe nayo. Williamson ananena poyera kuti sanayikonde. Ron Asheton, yemwe uja ankanyoza ntchito ya Bowie kwa zaka, atamva ya Iggy anatembenuka n'kuyamba kuyamikira yakale ija. Chopweteka chinali chakuti ya 1997 inalowa m'malo mwa inzake m'mashopu. Kwa zaka khumi ndi zitatu, mwana aliyense wogula CD yatsopano ya Raw Power ankalandira imeneyi, osadziwa kuti kuli ina. N'chifukwa chake ndi imene yadzaza m'mashopu a zinthu zakale, ndipo n'chifukwa chake mwayigwira kawiri.

Tsono tibwere ku bokosi lija. Mu April 2010, Ron atamwalira chaka chapitacho ndipo bandi italowetsedwa kumene mu Rock and Roll Hall of Fame, malo olemekezera akatswiri a rock ku America, Legacy inabwezeretsa mix ya Bowie itakonzedwanso mastering. Inatuluka m'mitundu iwiri. Legacy Edition ili ndi ma CD awiri: woyamba ndi chimbalecho, wachiwiri ndi Georgia Peaches, konsati imene anayimba ku kalabu ya Richards mu Atlanta mu October 1973, Scott Thurston ali pa piyano, kuphatikizapo "Doojiman" ndi "Head On" yojambulidwa pokonzekera. Deluxe Edition ili ndi ma CD awiri omwewo, n'kuwonjezera wachitatu wa zotsalira monga "I'm Hungry" ndi "Hey, Peter", DVD ya filimu ndatchula ija, buku la zithunzi, zithunzi zina zapadera ndi kambale kakang'ono kotengera kamene kanatuluka ku Japan. Zithunzi zambiri ndi za Mick Rock, amenenso anajambula cha pachikuto pa konsati ya ku King's Cross mu London mu July 1972.

Taonani apa: chimbale chenichenicho m'bokosi lodula ndi chomwecho chili m'ma CD awiri otchipa. Ndalama yowonjezerayo mukugulira mapepala, filimu ndi zotsalira. Zotsalirazo n'zokoma kwa munthu amene waloweza kale chimbale. "I'm Hungry" ndi "Penetration" isanapeze mawu ake, ndipo kumva Iggy akufufuza njira pa nyimbo imene mukuyidziwa kumasangalatsa. Koma mudzayimvera kawiri, katatu, basi. Konsati ya ku Atlanta ndiyo yamtengo wapatali, chifukwa mumamva bandi imene ili pafupi kugwa ikuyimba nyimbo zatsopano zimene sizinalowe m'chimbale chilichonse cha situdiyo nthawi imeneyo, uku Iggy akuzazirana ndi anthu. Ndipo imeneyo muyipeza popanda bokosi. Bokosilo linatuluka kalekale, ndiye mtengo mukuuonawo wayikidwa ndi osunga zinthu, osati ndi kampani.

Ngati muli ndi galamafoni yanuyanu, pali njira imene ndimayikonda koposa zonse. Mu 2012, pa tsiku la Record Store Day, lokondwerera mashopu a ma rekodi, kunatuluka mbale ziwiri m'chikuto chimodzi: ina ya Bowie, ina ya Iggy, ndipo ya Iggy anayichitanso mastering popanda kukankha kwa 1997 kuja. Tsiku loyamba kuyimva ndinapepesa Iggy mumtima. Ukali ulipobe, koma ng'oma zikupuma, ndipo besi ya Ron pa "Death Trip" ndi "Shake Appeal" imakugwira pachifuwa. Mu 2023, chimbale chitakwanitsa zaka 50, ma mix onse awiri anatulukanso pa intaneti atakonzedwanso. Choncho musanawononge ngakhale paundi imodzi, tsegulani pulogalamu imene mumamverera nyimbo pa foni, mufufuze dzina la chimbale, muwerenge bwino zolembedwa pambali pa nyimbo iliyonse. Yatsani batani lolinganiza voliyumu kuti ina isapambane chifukwa chongokwera. Mverani "Gimme Danger" mbali zonse, kenako "Your Pretty Face Is Going to Hell". Kwa ine, Bowie amapambana pa yoyamba ndipo Iggy pa yachiwiri, koma makutu ndi anu.

Mudzakumananso ndi chimbale chotchedwa Rough Power, chimene kampani ya Bomp! inatulutsa m'zaka za m'ma 1990. Muli ma mix oyambirira a Iggy, ena ojambulidwa kuchokera pa wailesi ya WABX ya ku Detroit. Anthu ena amalumbira kuti imeneyo ndiyo Raw Power yeniyeni. N'chosangalatsa kumva kamodzi, koma mawu ake ndi a kaseti yokopera pa kaseti inzake. Musayambire pamenepo.

Nkhani zotere si za Stooges okha. Mbale ya L.A.M.F. ya Johnny Thunders ndi Heartbreakers inatuluka mu 1977 ikumveka ngati yathiridwa matope. Anayichitira mix kambirimbiri, woyimba ng'oma Jerry Nolan mpaka anachoka m'bandi chifukwa cha mkwiyo, koma kaseti ya chimbale chomwecho inkamveka bwino. Cholakwa chinali pokonza mbale, osati pa mix. Ndipo kwa aneba athu ku Zambia, chimbale cha Amanaz chotchedwa Africa, cha 1975, chinatuluka m'ma mix awiri, ina youma, ina yodzaza mawu obwerera ngati a m'phanga. Now-Again Records potulutsanso inayika onse awiri m'chikuto chimodzi m'malo mosankhira womvera. Legacy ikanachita chomwecho mu 1997, bwenzi kalata yanuyi musanalembe.

Mwafunsa za zenizeni. Ngati mukutanthauza imene inalera punk, imene Steve Jones ndi Cobain anamva, ndi ya Bowie, ndipo muyambire imeneyo. Ngati mukutanthauza mmene bandi inkamvekera munthu atayima m'chipinda chimodzi ndi iwo, ya Iggy ikuyandikirako, bola ikhale ya 2012 kapena yapambuyo pake. Ine ndikanakhala inu ndikanagula Legacy Edition ya ma CD awiri, bokosi ndikanalisiyira ena. CD ya 1997 musatayenso. M'galimoto, injini ikulira, imagwira ntchito yake, ndipo ndi mboni ya nthawi imene aliyense ankapikisana kukweza.

Pali malo atatu pamene muyenera kufunsa munthu wina osati ine. Choyamba ndi makina. Ikani CD ina imene mumayidziwa bwino, makamaka ya piyano kapena ya kwaya. Ikamveka yoyera, makina ali bwino. Nayonso ikathetheka, makamaka mbali imodzi, sinthanitsani mawaya a sipika: vuto likatsalira pa sipika yomweyo ndiye kuti ndi sipikayo, likasamukira ku inzake ndi ampulifaya kapena makina oyimbira CD, ndipo apo pitani kwa okonza.

Chachiwiri, mukadzakopeka ndi mbale imene akuti ndi yoyambirira ya 1973, musagule pongoona chithunzi cha chikuto. Ya ku America ili ndi nambala KC 32111, koma nambala yokha siyikwanira, poti mbale zinadindidwa kangapo. Funsani wogulitsa akutumizireni chithunzi cha timalemba tokandidwa pafupi ndi pakati pa mbale, mukatifananize ndi zolembedwa pa Discogs, tsamba la pa intaneti la mndandanda wa ma rekodi, kapena mupite kwa mwini shopu ya ma rekodi wodziwa ntchito yake. Mbale za punk zinayimbidwa m'maphwando ndi singano zotha, ndiye mumvetsere musanalipire.

Chachitatu ndi makutu anu, ndipo apa sindikuseka. Nyimbo yopanda zigwa ngati ya 1997 siyipatsa khutu mpata wopuma, ndipo pa mahedifoni n'kosavuta kupyola muyeso osazindikira. Akatswiri a zaumoyo wa pantchito amati phokoso la madesibo 85 lisapitirire maola asanu ndi atatu, ndipo mukangowonjezera madesibo atatu nthawiyo imadulidwa pakati. Makutu akamalira mukavula mahedifoni, tsitsani ndipo muwapumitse. Kulirako kukapitirira masiku angapo, kapena mukayamba kuvutika kumva anthu pamalo aphokoso, kaonaneni ndi dokotala wanu akutumizeni koyeza makutu. Khutu limodzi likatsekeka mwadzidzidzi, musadikire n'komwe, pitani tsiku lomwelo.

Mbale ya mnzanuyo musabweze msanga. Mupempheni akuwonjezereni sabata imodzi, muyike "Search and Destroy" ya pambaleyo ndi ya pa CD yanu motsatizana, voliyumu mutalinganiza. Nyimbo imeneyo Bowie sanayikonze, ndiye mudzakhala mukumva Iggy wa 1972 akukangana ndi Iggy wa 1997.